Loboti Sichitira Umboni

Mayfair, Joni
9 Malichi 2023

Mkazi wanga Olive NyaManda,

Timoneni nonse kumeneko. Ndikhulupirira kuti iwe, ana ndi amayi muli bwino. Ine ndili bwino, kupatula kachifuwa kaja kamene kamandipeza kukayamba kuzizira. Ndikulemba m'Chichewa dala. Amayi akaona kalata ya m'Chitonga amayamba kuiwerenga mokweza pakhonde ngati Baibulo lawo, ndipo zina za munomu si zawo.

Nambala yanga ija usaiyimbirenso. Apolisi a mumzinda anatithamangitsa pa maloboti pamene ndimagulitsa machaja, ndipo pothawa ndinataya chikwama ndi foni yomwe. Maloboti ake ndi magetsi oimitsa magalimoto aja unawaona ku Lilongwe. Ku Chintheche sitingawafune, poti minibasi zathu zimaima pamene zakondera.

Koma usadandaule. Ndapeza ntchito ina kudzera mwa a Jeremiah, bambo wachikulire wa ku Mzimba amene ndimagona naye chipinda chimodzi. Bwana wake ndi mzungu, dzina lake Kobus, ndipo ntchitoyo amaitchula kuti ya androidi. Ndidzakufotokozera ndikakhazikika. Pakalipano ungodziwa kuti dzuwa la pamsewu ndasiyana nalo.

Wa thiransipoti akupatsa bulangete, mafuta ophikira ndi R700. Ya sukulu ya Temwa ikhale yoyamba. Chinangwa cha kumtunda chija mukumbe nguluwe zisanatithandize.

Mlongo wanga Edith umuuze kuti mwamuna wake ndikumufunafunabe. Griffin uyu, chaka chachitatu chino osalemba, osaimba, osatumiza ngakhale sopo. Ena akuti ali ku Cape Town, ena akuti anamuona ku Tembisa. Munthu wamkulu ndevu pepeya sasowa ngati singano. Akubisala, ndipo ndikamupeza adzandimva.

Ndine mwamuna wako,
Aleck Mphande


16 Epulo 2023

Olive,

Moni. Kalata yako ndalandira, ndipo ndakondwa kuti malungo a Temwa atha. Kuno ndili bwino, koma ndakwiya nawe.

Ndani anakutuma kulengeza ku Chintheche konse kuti ndikugwira ntchito kukampani ya mafoni? Wa thiransipoti wanditulira uthenga wa anthu ofuna mafoni, mpaka a dikoni akuti yawo ikhale ya makamera atatu. Ine amene ndilibe ngakhale kafoni ka mabatani! Androidi yanga si ya m'foni ayi. A Jeremiah akuti mawuwo ndi akale kuposa mafoni, ndipo amatanthauza makina opangidwa ngati munthu. Ana kuno amangoti loboti. Ndiye khala pansi umve bwino.

Kobus ali ndi chovala cha pulasitiki choyera, chachitali, mutu wake ngati ndowa, maso a magetsi. Amachibwereketsa ku maukwati, ku maphwando a ana ndi potsegulira masitolo, ndipo amauza anthu kuti ndi makina enieni ochokera kunja. M'katimo mumakhala ine. A Jeremiah amaima pambali atagwira rimoti yopanda mabatire, nkhope ili gwa ngati dokotala. Pachifuwa pali sipika imene imalankhula Chingerezi a Jeremiah akadina foni ili m'thumba mwawo. Lamulo ndi lakuti pamaso pa anthu sindilankhula, sindivula mutu, ngakhale kutsokomola ayi. Pasipoti yanga akusunga ndi Kobus, akuti kuopa kuti ndingathawe ndi chovala chake.

Ukudziwa chimene anandisankhira? Malipenga. Anyamata ena anayesa, koma amayenda ngati aponda moto. Ine ndimatha kukweza bondo n'kuliimitsa m'malere, kutembenuza khosi pang'onopang'ono thupi lili phee, monga ankatiphunzitsira malemu ada, bambo anga, ku boma lathu la gule, ndodo yawo ikulira m'akatumba mwathu. Akanadziwa kuti ankasula loboti ya mzungu, ndodoyo akanaiponya m'nyanja.

Dzulo Kobus anandisisita paphewa n'kunena kuti Amalawi tinabadwa kale maloboti: sititopa, sitidandaula, sitiyankha. Iye amaona ngati akundiyamikira. Ndinamwetulira, ndipo kumwetulirako n'kumene kwandisowetsa tulo.

Za Edith zandiwawa kwambiri. Loji ya ku Kande ikumufuna kukhitchini, ndiye apongozi ake a NyaKaunda akuti mkazi wolowoledwa sangakagwire ntchito mwini wake asanavomere? Mwini wake uti? Avomera ali kuti? Pita ukawapemphe a ku lojiko amusungire malo. Izi za chovala usauze munthu.

Aleck


4 Juni 2023

Olive,

Moni kwa onse. Kuno kwazizira, chifuwa chija chakula, koma ndikuyenda.

Ndinati usauze munthu. Iwe watenga kavidiyo kamene a Jeremiah anakutumizira n'kukaonetsa amayi onse kuchigayo. Ukuti unatopa ndi ofuna mafoni. Chabwino, tsopano watopa ndi chiyani? Ndamva zonse. Akuti Aleck anafa kalekale, mzungu anamudula lilime n'kumusandutsa ndondocha, n'chifukwa chake saimbanso foni. Akuti ndalama zimene ndimatumiza n'zamagazi. Mwana wanga akumutchula mwana wa loboti kusukulu, anzake akumutsata pambuyo akuyenda mouma miyendo. Ndipo amene akutsogolera nyimboyi ndi a NyaKaunda, mayi amene mwana wawo weniweni sakudziwa kumene ali.

Ukawauze kuti ndondocha yawoyo imatuluka thukuta. Ndikavula chovala chija malaya amachita kufinya. Ana a eni ake amandimenya zibakera m'mimba kuti aone ngati makina amamva kuwawa. Tsiku lina kamtsikana kena kanasuzumira pa kabowo ka pakamwa n'kukuwa kuti loboti ikununkha adyo. Kobus anandidula R100, ndipo pano ndikudya zosakoleretsa ngati wodwala.

Koma zanga zisiye. Wandiuza kuti Edith amadzuka kukadali mdima, kukaviika chinangwa cha apongozi, kuvuula, kusenda, kuyanika, kusinja, kenako kukawatengera usipa kunyanja, ndipo akamufunsa kanthu amangoti yewu, kuvomera basi. Edith amene ankatiseka tonse pakhomo mpaka ada kumuthamangitsa ndi chikuni, lero wasanduka wa yewu? Ine pomaliza ntchito ndimavula mutu uja n'kutukwana pang'ono m'galimoto. Iye amavula nthawi yanji?

A ku loji akuti adikira mpaka kumapeto kwa Seputembala, alendo asanachuluke. Ndapitanso kwa amalume ake a Griffin ku Randburg. Anandipatsa tiyi, n'kumayang'ana kudenga. Anthu amenewa akudziwa kanthu.

Nsapato za Temwa zili m'katoni. Akamuseka, umuuze ayende mowongoka.

Aleck


20 Ogasiti 2023

NyaManda,

Moni. Ndili moyo. Iyi uwerenge uli wekha, ndipo ukamaliza upite kwa Edith.

Ndamupeza Griffin.

Dzulo masana tinaitanidwa ku ukwati ku Kempton Park. Holo yaikulu, maluwa mpaka kudenga, nyama yochita kutaya, poti bambo wa mkwatibwi ali ndi mabutchala. Ine ndinalowa monga mwa masiku onse, maso akuthwanima, anthu akuimba m'manja. M'chovala muja ndimaonera pa kabowo ka sefa, ndiye ndimaona munthu mmodzimmodzi. Ndinaona keke. Ndinaona mkwatibwi, mwana wa eni ake wooneka waulemu, amene ndikhulupirira sakudziwa kanthu. Nditatembenuza khosi ndinaona mkwati. Wanenepa, wameta ndevu, koma khutu lija linang'ambika ndi mbedza tili ana silinanenepe.

Woyendetsa mwambo anamutchula kuti Griff, mnyamata wolimbikira wochokera ku Malawi amene sanakwatirepo. Ananenanso mawu ena okhudza kwawo, amenewo ndasunga kaye.

Olive, ndinafuna kuvula chimutu chija ndimuphwanye nacho. Koma ndinakumbuka pasipoti, ndinakumbuka sukulu ya Temwa, ndipo ndinameza. Ndinauza mtima kuti pakamwa anditseka, koma miyendo sanaigule.

Ukukumbuka sitepe ya nkhanu, ija anapeka ada, imene boma lina lililonse kuyambira ku Bandawe mpaka ku Kande linalephera kuba? Umayenda cham'mbali, kukweza bondo, kuima, ndodo paphewa, n'kutembenukira mnzako wa pambali, ndipo iye amayankha polowera mbali inayo. Mnzanga wa pambali pamzere, kuyambira tili anyamata, anali Griffin. Ndinatola ambulera ya mayi wina, ndinakaima patsogolo pa tebulo la akwati, n'kuyamba. A Jeremiah anangoti kukamwa yasa, rimoti ili m'manja.

Ulendo woyamba anaseka ndi anzake. Ulendo wachiwiri phewa lake linagwedezeka. Wachitatu anadzuka yekha, atanyamula mpeni wodulira keke ngati ndodo, n'kuyankha sitepe yonse osaphonya, bondo m'mwamba, chibwano kutsogolo. Holo yonse inaimirira, mafoni ali m'mwamba. Anavina mokoma, galu ameneyu, sindinama.

Ali pakati pa sitepe anazindikira. Ndinaona nkhope ikugwa. Makina ochokera kunja angaidziwe bwanji nkhanu ya a Mphande? Anayandikira ngati akundikumbatira, n'kunong'ona m'Chitonga pa kabowo kaja: “Ndiwe ndani?”

Ine phee.

“Aleck? Ngati ndiwe, mlamu, tikambirane kuseri. Usandiphe pano.”

Pamenepo a Jeremiah, pofuna kupulumutsa zinthu, anadina foni yawo, ndipo chifuwa changa chinayankha m'Chingerezi kuti ndikuwafunira banja losangalala.

Sindinalankhule, sindinavule, ntchito ilipo. Kobus wakondwa moti akufuna gule ameneyu paliponse. Vidiyo a Jeremiah atumiza pa foni ya a dikoni. Muitane akuluakulu a mbali zonse ziwiri aione. Muli mkwati, muli mkwatibwi, muli keke. Edith amasulidwe apite ku Kande. Ndikuona ngati ndaigwira bwino ntchitoyi.

Aleck


7 Seputembala 2023

Olive,

Moni. Za umoyo wanga usafunse, ndilibe nazo nthawi.

Ndawerenga kalata yako kawiri, kachiwiriko nditaimirira. Ndiye akuluakulu anakhala pansi pa mtengo wa mango tsiku lonse, foni ikuyenda dzanja ndi dzanja, n'kugamula kuti palibe mlandu? Akuti masiku ano makompyuta amatha kuika nkhope ya munthu pa thupi la wina. Nzeru zimenezi azitenga kuti anthu amene foni amachita kuyatsiridwa ndi zidzukulu? Akuti Griffin wawaimbira, atatha zaka ali chete, n'kunena kuti ali ku Cape Town ndipo adani akumupekera. Foni yake yatulukira lero?

Ndipo a NyaKaunda akuti, “Mboni yake ndani? Chidole? Loboti sichitira umboni. Ngati muli munthu m'menemo, bwanji alibe nkhope?” Akulu a mpingo n'kugwedeza mitu kuvomereza.

Chimene chikundipweteka n'chakuti mayi amene uja sananame. Ndakhala ndikudzitama kuti ndinachenjera, ndinamugwira Griffin osataya ntchito. Ndinamugwira chiyani? Ndinamuvinira pa ukwati wake, basi. Anthu anaombera m'manja, Kobus anapeza makasitomala atsopano, sitepe ya ada ikugulitsidwa ku maphwando a ana, ndipo mlongo wanga akusinjabe.

Ukuti Edith anaonera vidiyo ija mpaka kumapeto, anabweza foni ndi manja awiri, n'kupita kukaanula chinangwa poti kunali mitambo. Sanalire? Sanatukwane ngakhale pang'ono? Zimenezi zikundiopsa kuposa kulira.

Bambo wa mkwatibwi uja akutsegula butchala ina ku Tembisa Loweruka la pa 23, ndipo waitanitsa loboti yovina ndi mkamwini wake. Kobus walandira kale ndalama. Ndatumiza R1,500, yonse imene ndinali nayo. Usaigwiritse ntchito msanga. Usandifunse chifukwa.

Aleck


25 Seputembala 2023

Mkazi wanga,

Moni. Ndili bwino. Mlomo watupa pang'ono, koma mano onse alipo.

Pofika pano vidiyo yachiwiri mwaiona, koma ndikufuna umve kwa ine. Griffin atandiona ndikutsika m'galimoto anayamba kutuluka thukuta. Anabwera pafupi n'kunong'ona kuti wandikonzera kenakake mu envelopu. Apongozi ake atsopano, eni butchala, anakuwa kuti, “Griff, vina ndi mnzako uja!” Nyimbo inayamba, anthu anazungulira, nyama ikupsa pambali. Ndinayang'ana a Jeremiah. Anaika rimoti ija pansi, anatulutsa foni, n'kundigwedezera mutu. Bambo amene uja ali ndi ana asanu ku Mzimba, ndipo ankadziwa chimene akutaya.

Ndinavula mutu.

Ana anathawa akulira. Mayi wina anagwetsa mbale. Ine thukuta lili chuchuchu, ndinayang'ana mu foni muja n'kulankhula, poyamba m'Chitonga kuti a pansi pa mango amve, kenako m'Chingerezi changa chothyokathyoka kuti eni butchala amve. Ndinati ndine Aleck Mphande wa ku Chintheche, mwana wa malemu Noel Mphande, ndili moyo ndipo lilime ndili nalo. Ndinati uyu ndi Griffin Kamanga, analowola mlongo wanga Edith, ukwati unadalitsidwa mu tchalitchi, ndipo mkaziyo mpaka lero akutumikira amayi ake.

Bambo wa butchala anatembenukira kwa ine n'kunena kuti, “Amayi ake ati? Uyu anatiuza kuti ndi wamasiye. Amayi ake anamwalira ali mwana.”

Amenewo ndiwo mawu ndinasunga aja. Sindinafune kuti atuluke pakamwa panga, poti akanati ndapeka. Ndinangoti, “Bwana, bwerezani, foni imve bwino.” Anabwereza.

Griffin anayesa kunena kuti sakundidziwa. Mkazi wake watsopanoyo anamufunsa mofatsa kuti, “Nanga gule uja unamudziwa bwanji?” Mapanga awiri avumbwitsa, ndipo mvula yake inagwa pomwepo. Chibakera chimene ndinalandira chinali cha Griffin, koma zimene analandira iye kwa azilamu ake atsopano sindinaziwerenge. Mtsikana uja anakhala pa kreti n'kumalira, ndipo iye yekha ndi amene ndinamumvera chisoni.

Kobus wandichotsa ntchito, ndi a Jeremiah omwe. Akuti ndaulula chinsinsi cha kampani, ndipo pasipoti ndiiwale. Anandifunsa kuti chinandilowa n'chiyani, ine munthu wofatsa chonchi. Ndinamuyankha kuti mabatire anatha.

Tsopano tamvera. A NyaKaunda aonere vidiyoyo mpaka kumapeto, makamaka pamene akunena za maliro awo. Usawaseke, ndi mayi. Koma Edith asadikirenso chigamulo cha munthu. Atenge zovala zake apite ku Kande mwezi usanathe. Mtondo wa apongozi akewo ausiye pomwe uli, asautsuke n'komwe.

Aleck


12 Novembala 2023

Olive wanga,

Timoneni. Ndamva kuti mvula yayamba bwino ndipo amayi achira mwendo. Ine chifuwa chachepa. Zikuoneka kuti chinkakula ndi kutsokomolera m'mimba.

Ndabwerera pa maloboti. Ndikugulitsanso machaja, a Jeremiah akugulitsa maambulera tsidya lina la msewu. Ndalama ndi zochepa, ndiye mwezi uno ndatumiza R300 yokha, ndipo malata a kukhitchini adikire. Za pasipoti ndikuyendera, koma usayembekezere kundiona pa Khirisimasi. Ndikaona galimoto ya apolisi ndimalowa kaye m'sitolo. Zina ndidzakuuza pamaso.

Ukuti a NyaKaunda sanatuluke m'nyumba sabata yonse, ndipo atatuluka anapita okha kwa akulu a mpingo kukanena kuti mwana wa eni ake amasulidwe. Sindikondwera ndi misozi yawo, koma sindinamanso kuti ndawakhululukira. Anthu amene ankati ndine ndondocha akuti chiyani tsopano? Ndikudziwa, akuti ankadziwa kale kuti ndi bodza. A ku Chintheche sitigwa pa mlandu.

Koma Edith wandikwiyitsa. Ndinanena kuti mtondo asautsuke. Iwe ukuti anautsuka, anauvundikira bwinobwino, anasesa pabwalo, n'kuwasiyira apongozi ufa wa kondowole wa sabata yathunthu. Mwana wa ada ameneyu sadzamva. Bola wapita, ndipo yunifolomu ya ku loji ikumukhala.

Kalata yako ndinaitsegulira pamsewu pomwepa, magetsi atafiira. Nditafika kumunsi ndinaona kuti zilembo zasintha, ndipo ndinazizindikira, zopendekera kumanzere ngati kale kusukulu. Zaka zitatu mlongo wanga osandilembera liwu ndi limodzi lomwe, ndiye ndinkayembekezera mawu othokoza, mwina ndi vesi. Iye walemba kuti: “Achimwene, vidiyo yoyamba ija ndaionanso kuno kwa anzanga. Sitepe ya nkhanu munaiphonya. Ada ankayamba ndi mwendo wamanzere, inu munayamba ndi wamanja. Munatichititsa manyazi.”

Olive, ndinaseka mpaka machaja kugwa. Kenako ndinapezeka ndikulira, bambo wamkulu pakati pa msewu, magetsi atasintha, magalimoto akundiimbira mahutala. A Jeremiah anachita kuwoloka kudzandikoka.

Edith umuuze kuti pakamwa pakepo ndapamva, ndipo asapatsekenso. Umuuzenso kuti ayese iyeyo kuvina atavala ndowa kumutu.

Kabudula wanga woyera ndi masokosi, zovinira malipenga zija, uziyanike, njenjete zingadye. Ndikadzabwera tidzaona amene amayamba ndi mwendo wolakwika.

Ndine mwamuna wako,
Aleck Mphande